Tsogolani Asewere: Bodza Langa la pa Dooko

Ndivomere poyambirira pomwe, ana inu, wina asanandiulule: ndinayambitsa ndine. Mawu aja amayi anu anakukalipirani nawo dzulo, pamene iwe Amina ndi iwe Yusufu munkakankhirana mutu wa mlamba m'mbale, uyu "tenga iwe", uyo "ayi, tenga ndiwe", mpaka mphaka anadzakuweruzani, iwo nkukuwa kuti "Mwayamba za tsogolani asewere!", mawu amenewo ali ndi mwini wake. Mwini wakeyo ndi nkhalamba yopanda mano imene mukuionayi.

Ndamva kuti pulofesoro wina, mphunzitsi wa ku Insaca, amauza ana kuti mawuwa anachokera kwa Apwitikizi, ati poti ankakonda kuweramirana pakhomo. Bodza limenelo. Ine Mpwitikizi sindinamuonepo akupatukira munthu wakuda panjira. Ena amati anabwera ndi anthu amene anathawira ku Malawi nthawi ya nkhondo. Iwowo anabwera ndi njinga ndi tichizungu tawo, koma mawuwa anawapeza kuno atamera kale mizu.

Tanthauzo lake mukulidziwa theka. Asewere ndi mmene makolo a mkazi ndi makolo a mwamuna wake amaitanirana. Timanena choncho anthu awiri akamalemekezana mosefukira, uyu kupatsa mnzake njira, mnzakeyo kumubwezera, mpaka chimene anakumanirana chiwonongeke ali chiimire. Theka linalo ndi ili: ulemu wotere si ulemu ayi, ndi ndewu yovala mkanjo woyera. Ndikudziwa chifukwa mkanjowo ndinasoka ndine.

Nthawi imeneyo ndinali mnyamata wa ndevu zitatu, ndikuphunzira ku Nova Freixo, kumene inu mumati ku Cuamba. Inu mukafuna kupitako mumakwera shapa, kaminibasi kaja, nkumadandaula kuti mipando ndi yolimba. Ife tinkayenda pansi, thumba la ufa ndi matemba pamutu, nsapato zili m'khosi kuopa kuti zingathe. Nsapato tinkavala tikaona madenga a malata. M'mudzi monse wofika makalasi amenewo ndinali ndekha, ndiye ndikabwera pa feriya, tchuthi cha nyengo yozizira ija, ndinkayenda ngati ndine ndinalenga nyanja ya Chiuta. Makalata a anthu ndinkawerenga ndine, mauthenga ndinkanyamula ndine. Munthu wa shikola sanama, ankatero anthu. Mwaseka? Inenso ndinkaseka chamumtima.

Bambo anga anali Che Bwanali, msodzi wa miono. Miono, Yusufu, ndi misampha ya nsomba yoluka ndi bango ndi nsungwi, osati maukonde anu audzudzuwa amene akutha nsomba ndi mazira omwe. Ankamanga mpanda m'khwawa la madzi, nkusiya mipata, nkutchera mionoyo m'mipatamo. Kumtunda kwa dooko lathu kunali Che Saizi, msodzi wa matchera, maukonde oluka ndi manja. Chaka china, ine ndikadali wovula, bwato la Che Saizi linagwetsa mpanda wa bambo. Bambo anati dala. Che Saizi anati mpandawo unatseka njira ya Mulungu. Kuchokera pamenepo sanapatsanenso moni. Mumzikiti momwe, uyu akaima kumanja, uyo ankapita kumanzere. Onse awiri anali anthu a mtima wapachala, onse awiri ankadziyesa mwini ulemu wa dziko lonse.

Ndiye taonani mmene Mulungu amasekera. Achemwali anga Asiyatu, agogo anu aja amakupatsani chigumu mukapita kwawo, anakondana ndi Dauda, mwana wa Che Saizi yemweyo.

Nkhani ikanayenda pang'onopang'ono monga mwa masiku onse, ankhoswe kupita, ankhoswe kubwera. Koma asipayi, apolisi a boma la Apwitikizi, anabwera nkulemba dzina la Dauda pa kontaratu yokathyola tiyi ku mapiri a ku Gurue. Kamiyau, galimoto yaikulu yowanyamula, inali yoti inyamuka Loweruka. Opita kumeneko ena ankabwera chaka chitatha, ena ankangomveka mbiri. Komanso kunali kapitawo wa minda ya thonje, munthu wa akazi awiri ndi mimba ngati mtsuko, amene anali atayamba kudutsadutsa pakhomo pathu, lero shuga, mawa kapulana, chitenje chija. Bambo ananena poyera, ine ndikumva:

"Ndowa ikapanda kumangidwa mnyamatayo asanakwere kamiyau, ine sindisunga mwana wamkulu pakhomo kudikira munthu wa kontaratu. Kapitawo alipo."

Ndowa, kwa inu amene mwazolowera zikwati za masipika, ndi ukwati wathu wachisilamu, womangidwa ndi shehe, abambo a mkazi ndi a mwamuna ali pomwepo. Ndiye panalibe kuthawa. Anthu awiri aja anayenera kukhala pamphasa imodzi Lachinayi, nkupita kwa shehe Lachisanu. Mudzi wonse unkadikira kuti azathyolana makosi.

Lachitatu amayi anandituma kukauza Che Saizi nthawi yobwera. Ndinawapeza akusoka matchera pansi pa mtengo wa mango. Ndinagwada bwinobwino, ndinapereka uthenga, kenaka ndinayamba kukanda pansi ndi chala ngati munthu wosenza chinthu cholemera.

"Chiyaninso, mwana wa Bwanali?"

"Ayi, palibe, bambo. Kungoti... ayi, ndisanene."

"Nena!"

"Bambo anga dzulo amauza anthu padooko kuti inu ulemu simuudziwa. Ati mukadzafika mudzathamangira mpando musanapatsidwe, mudzasamba m'manja poyamba, mudzayamba kudya ndinu. Ati paliponse mumafuna kutsogola, ngati mbuzi yotuluka m'khola."

Singano inaima m'malere. Khosi la Che Saizi linatupa ngati la nkhukundembo.

"Mbuzi? Ine? Chabwino. Akadzaona ine nditatsogola pa kanthu kalikonse, adzandimete ndevu ndi chigoba cha nkhono."

Pobwerera ndinapeza bambo akumanga mono, ndipo ndinawathira mankhwala omwewo, osachotsa, osawonjeza, mbuzi yomwe ija. Bambo anangoti, "Saizi wanena zimenezo? Saizi amene anabadwira m'bwato? Tiona mawa amene analeredwa."

Amina, ukundiyang'ana ngati ukufuna ndinene kuti ndinachita zimenezi pofuna kuti asamenyane. Anthu ena amandikometsera choncho masiku ano, ine nkumangogwedeza mutu. Koma kwa inu ndinena zoona. Za achemwali sindinaziganize nkomwe. Ndinangofuna kuona chimene chingachitike.

Lachinayi linafika. Che Saizi anatulukira atavala mkanjo wochapa ndi kofiya yatsopano. Ali patali ndithu anavula nsapato. Bambo ataona choncho anavula zawo, nkuthamanga kukawachingamira. Anthu amene anabwera kudzaonera ndewu anayang'anana.

"Salaamu aleikumu, asewere!"

"Waleikumu salaamu, asewere anga, mwadzivutiranji kudzuka? Ine ndine yani?"

Moni yekhayo anatenga nthawi yoti mkazi nkupita kumadzi nkubwera. Anafunsana za ana, za nkhuku, za msana, za azakhali amene anamwalira kalekale. Aliyense ankawerama kuposa mnzake, mpaka ndinaopa kuti agundana mitu.

Pakhomo pathu panali mpando umodzi wokha, wa ndalema, wansalu uja wopinda, umene bambo anabwera nawo kuchokera ku Halale ali mnyamata. Palibe ankaukhudza. Tsiku limenelo anautulutsa.

"Khalani apa, asewere."

"Ine? Pampando wa eni nyumba? Tsogolani, asewere."

"Mlendo ndi mfumu. Tsogolani ndinu."

"Mfumu ya chiyani, ine kapolo wanu? Pamphasa pomwepa pandikwanira."

Che Saizi anakhala pamphasa. Bambo anakhala m'mphepete mwa mphasa. Che Saizi anasendera, nkukhala padothi. Bambo anasendera kuposa apo, nkukhala pafupi ndi mtondo, pamadeya. Che Saizi anayang'ana uku ndi uku kufuna malo otsika kuposa amenewo, nkukapeza potayira phulusa, ndi mkanjo woyera uja. Mpando unatsala wokha pakati pa bwalo, mpaka thadzi lathu lamawangamawanga linakwerapo nkudzikonza nthenga. Ine ndinali kuseri kwa nkhokwe, nditaluma mkono wa malaya.

Amayi anabweretsa birika la madzi ofunda ndi beseni. Beseni linayenda ulendo, kwa uyu, kwa uyo, kwa uyu, mpaka madzi anazizira. Anakafunditsanso. Mpunga wa fungo uja wa m'dambo mwathu, wophikira alendo okha, unauma pamwamba ngati chikopa cha ng'oma. Nsomba ya makumba inayang'ana kumwamba ntchentche zikuichitira maliro. Choipa kwambiri nchakuti nkhani imene anakumanirana, palibe anafuna kuiyamba.

"Mawu ali ndi inu, asewere."

"Pakamwa panga mpochepa. Tsogolani."

Dzuwa litapendeka, amayi ndi azakhali ake a Dauda anakokerana kuseri kwa khitchini, nkumaliza zonse m'kanthawi kotafuna mtedza: mahari, mphatso ya mkwati kwa mkwatibwi, akhala akuti, mawa m'mamawa tonse padooko, kwa shehe. Akuluakulu aja atauzidwa, aliyense anati, "Monga anenera asewere." Anasiyana ndi njala, akumwetulira ngati anthu odwala mano.

Shehe wathu ankakhala pa kachilumba, kutsidya kwa madzi otambalala. Kunalibe maboti a injini. Bwato linali mtengo umodzi wogoba, ndipo m'madzi osaya tinkakankha ndi nsungwi yaitali, pakuya nkumapalasa ndi nkhafi. Nyengo yozizira aliyense ankadziwa lamulo lake: woloka m'mawa. Dzuwa likangokwera, mwera umadzuka, ndipo Chiuta, ngakhale ndi wosaya, amagudubuza bwato ngati chikho.

Lachisanu tinafika padooko kunja kukuyera. Dauda anali atakonza bwato lalikulu la bambo ake, ataimirira kumbuyo ndi nsungwi. Amayi analowa. Achemwali analowa, atafunda kapulana yatsopano. Akuluakulu awiri anafika m'mphepete mwa madzi, anakwinya mikanjo, nkuima.

"Bwato ndi lanu, asewere. Tsogolani."

"Poti ndi langa, ndingalowe bwanji mlendo ali kunja? Tsogolani, asewere."

"Ndinu wamkulu kwa ine."

"Wamkulu ine? Inu munavinidwa jando ine ndikuyamwa!"

"Aa, asewere, musadzichepetse. Imvi zanuzo?"

"Imvi ndi za mavuto, si za zaka. Tsogolani."

Poyamba anthu ankaseka mobisa. Asodzi obwera kokavuula anaimika mabwato. Ogula nsomba ochokera ku Entre Lagos anatsamiritsa njinga zawo. Amayi otunga madzi anatula mitsuko nkukhalira. Munthu wina anayamba kuwerenga mokweza, ndipo atafika makumi atatu analeka. Akuluakulu aja, pofuna kupatsana njira, ankabwerera chammbali, mpaka onse awiri anali m'madzi ofika m'mawondo, uyu mbali iyi ya bwato, uyo mbali inayo, aliyense atatambasula dzanja ngati akuonetsa munda. Misundu inawapeza. Ndinaona umodzi wonenepa utakakamira pa katumba ka bambo. Bambo anauona, Che Saizi anauona, koma palibe anafuna kukhala woyamba kudzikanda.

Ine m'mimba munkandipweteka ndi kuseka. Ndikunena pano, sindinaonepo chinthu chokoma chotero, ngakhale sinema ya ku Nova Freixo.

Kenaka bango linayamba kuwerama. Madzi, amene anali ngati galasi, anachita makwinya, nkuda. Dauda anayang'ana kumwera.

"Baba, chonde, mphepo iyo. Lowani."

"Khala chete, iwe! Ukufuna ndichite manyazi pamaso pa apongozi ako?"

Amayi anayesa nawo. "Bambo a Asiyatu, mwana wanu ali m'bwato muno. Lowani, inu."

"Mayi, izi ndi za amuna."

Ndinayang'ana achemwali. Anali ataphimba nkhope, mapewa akugwedezeka, ndipo ine, chitsiru, ndinayesa akuseka nane. Ndinayandikira kuti tisekere limodzi. Anatsitsa kapulana. Maso anali ofiira ngati tsabola. Anandiyang'ana nthawi yaitali, poti munthu amene anakubereka kumsana amadziwa fungo la bodza lako.

"Jafali," anatero motsitsa, "ngati ndi iwe wachita izi, usavutike kuyankha. Koma tsiku lopita kwa kapitawo, mtolo wanga udzasenze ndiwe. Udzandiperekeze mpaka pakhomo pake, udzaone pamene wandisiya."

Ana inu, kuseka kunathera pomwepo. Ndinamuona kapitawo uja m'maso mwanga, ndi mimba yake, ndi akazi ake awiri akuyang'ana achemwali ngati nkhuku yachilendo. Mawa kamiyau. Lero mphepo. Zonsezo chifukwa cha mbuzi imene ndinaipanga ndekha pansi pa mango.

Kuulula kunali koopsa pawiri. Akanatha kundipha ine, komanso akanatha kuvula ulemu wonse uja nkubwerera ku ndewu ya mpanda, ukwati nkufera padooko pomwepo. Koma nthawi yoganiza inali itatha. Ndinakwera pa chitsa chomangirira mabwato nkukuwa ndi mawu onse a kusukulu:

"Bambo! Che Saizi! Za mbuzi zija palibe ananena! Ndinapeka ndine! Konse kuwiri!"

Akuluakulu aja anayang'anana, koyamba m'zaka zonse zija kuyang'anana m'maso ngati anthu.

"Anakuuzani za mbuzi?"

"Yotuluka m'khola."

"Inenso yomweyo!"

Mitu iwiri inatembenukira kwa ine nthawi imodzi. Kumtunda kunali khamu la anthu, kothawira kunalibe. Ndinadumphira m'madzi, ndinagwira mlomo wa bwato, ndinagudubukiramo, nkukwawa pamiyendo ya achemwali mpaka kukabisala kumsana kwa amayi. Kumbuyo kwanga ndinamva madzi akuphulika ngati mvuu ziwiri.

"Ndimugwire mwana wa njoka!"

"Musiyireni ine, asewere, ndimukudzule makutu!"

Uyu anakwera mbali iyi, uyo mbali inayo, ndipo nchifukwa chake bwato silinagubuduke. Anagwera mkati pamodzi, mikanjo itanyowa, kofiya ya Che Saizi ikuyandama. Dauda sanadikire kuuzidwa. Anatsamira nsungwi ndi mphamvu zake zonse, ndipo pamene akuluakulu ankadzuka kuti andifikire, dooko linali kale kumbuyo, anthu akukuwa ndi kululutira.

M'bwato simumenyanirana, aliyense wobadwira kunyanja amadziwa. Amayi anangoti, "Khalani pansi nonse awiri, ng'ona sizidziwa asewere!" Anakhala. Pakati pa madzi mwera unatipeza ndithu. Mafunde ankalowa, achemwali akupemphera, Dauda thukuta lili kamukamu ngakhale kunkazizira. Munali chikho chimodzi chokapira madzi. Bambo anachitola osapatsa munthu njira, Che Saizi anayamba kukapa ndi manja, ndipo ndinamva wina akuti, "Kumanzere kwanuko, Bwanali, fulumira!" winayo nkuti, "Ndaona, Saizi, kapa zako!" Mayina enieni, opanda shuga. Amayi anandiuza pambuyo pake kuti atamva zimenezo anadziwa kuti ukwati ulipo.

Titagunda mchenga wa pachilumba, ine ndinakakamirabe kumsana kwa amayi. Achemwali anatsika, anagwada, nkugwira dothi ndi manja awiri. Sindinaonepo munthu akupuma ngati mmene anapumira tsiku lija.

Pakhomo la mzikiti, lomwe linali lopapatiza, ndinaona akuluakulu aja ayambanso kuchedwetsa mapazi ndi kuyang'anana m'mbali. Koma shehe anali munthu wochenjera. Amayi atamunong'oneza mawu awiri, anatulutsa mkeka nkuuyala panja pansi pa mtengo, pamene palibe khomo. Ndowa inamangidwa pomwepo, abambo awiri akudontha madzi, mabala a misundu ali m'miyendo.

Dauda anakwera kamiyau m'mawa mwake ali mwamuna wa mwini. Kapitawo anasiya kudutsa pakhomo pathu, ndipo shuga wake tinamusowa pang'ono. Chaka chitatha Dauda anabwera, wowonda ngati nsungwi yake ija, koma wamoyo, ndipo anakhala ndi achemwali mpaka imfa yake. Nkhani ya padooko inapita ndi ogula nsomba aja, pa njinga, mpaka ku Entre Lagos ndi kuwoloka malire. Njanji itafika, ndinamva ndi makutu anga anthu osandidziwa akukankhana pakhomo la sitima nkumati, "Lowani, inu, musatichitire za tsogolani asewere!" Ndinafuna kuwauza kuti mwini wake ndine, koma ndinalibe tikiti, ndiye ndinangokhala chete. Bambo ndi Che Saizi anakhala mabwenzi a kapu imodzi ya tiyi, ngakhale mpaka kumanda aliyense ankalumbira kuti m'bwato muja anayamba kulowa ndi mnzake.

Mukufunsa za chilango? Yusufu, maso ako awala, ukufuna kumva agogo ako akulira. Chinalipo. Tinabwerera mphepo itagona, ndipo mpunga wa ukwati usanagawidwe, bambo anathyola nthambi ya bwemba, anaisadza masamba, nkundigoneka pamphasa pakati pa bwalo, anthu onse akuona. Anakweza dzanja. Kenaka anaima, nkutembenuka.

"Amene mwanamizidwa kwambiri ndinu, asewere. Yambani."

"Aa, mwana ndi wanu. Ndingayambe bwanji ine?"

"Tsopano ndi wanu yemwe."

"Komabe magazi ndi anu. Tsogo..."

Sanamalize. Bwalo lonse linagwa ndi phwete, iwonso anagwirana mapewa akuseka mpaka misozi. Ine pamphasa paja ndinayamba kuyamika Mulungu, ndikuti ndapulumuka. Ndinaiwala kuti pakhomopo panali munthu mmodzi amene anafunditsa madzi kawiri, amene mpunga wake unauma, amene anawoloka mwera atakumbatira mwana wake wolira. Amayi anatsomphola nthambi ija m'manja mwa bambo.

"Ine ndilibe woti ndimudikire."

Zikoti zisanu ndi chimodzi, ana inu, zosapatsana njira. Mbalamatodya ya kusukulu, thabwa lija lobowola ankatimenya nalo m'manja, inali kusisita poyerekeza ndi dzanja la amayi anga, Abiti Salimu. Atatha anandiuza kuti ndidye kutali ndi anthu.

Ndinadya chiimire kuseri kwa nkhokwe, poti kukhala pansi sikukanatheka mpaka Lolemba. Ndili pomwepo achemwali anabwera mwakachetechete, anandikoka khutu mpaka linalira, nkundiikira m'mbale chiwindi cha mbuzi ya ukwati, chimene chinayenera kupita kwa asewere. Ndinawerengera: zikoti zisanu ndi chimodzi, chiwindi chathunthu. Ndinaona kuti malonda ayenda bwino.